Anyamata Awiri Amene Anaoloka Nyanja

Munthu akakwera phiri la Zomba tsiku lopanda nkhungu, nakaima pamphepete poyang'ana kumwera, dziko lonse la kunsi limuonekera ngati mphasa yoyalidwa. Ku dzanja lamanzere kuli madzi a Chilwa, patsogolo kuli Mulanje, ndipo ca ku dzanja lamanja kuli phiri la Chiradzulu loima pa lokha. Pakati pa Chiradzulu ndi Zomba pali dziko la Magomero. Mtunda wace suli wautali. Munthu wa miyendo yolimba akanyamuka kumeneko mamawa, afika pa Zomba mawa lace dzuwa lisanapendeke. Koma panali nthawi imene mau a anthu a kumeneko anayenda zaka zambiri osafika m'makutu a akuru okhala pa Zomba, ndipo cotsatira cace cinali mwazi.

Cimene candiyambitsa kulemba nkhani ino ndi kanema. M'caka ca 2019 kunaturuka kanema wochedwa The Boy Who Harnessed the Wind, wosimba za William Kamkwamba wa ku Wimbe m'boma la Kasungu, amene analeka sukulu posowa ndalama pa njala ya 2001 ndi 2002, nawerenga yekha buku lobwereka, napanga makina a mphepo opatsa magetsi. Ambiri a ife tinakondwa kumva Cicewa m'kanema woonedwa ndi mitundu yonse. Koma cimene cinandigwira ine ndi cakuti opanga kanemayo anayambira nkhani yao pa mwana, asanachuke, ali m'nyumba ya amace. A ku Japan naonso amakonda kukumbukira akuru ao cotero. Ali ndi mphunzitsi wao wamkuru dzina lace Fukuzawa Yukichi. Anapanga kanema wa moyo wace m'caka ca 1991, ndipo nyumba yaudzu imene anakuliramo aisunga bwino, kuti ana a sukulu akaione.

Tsono ndinadzifunsa kuti, nanga ife tikati tipange kanema wa Mbusa John Chilembwe, tidzayambira pati? Ndidziwa yankho la ambiri: pa usiku wa nthungo wa 23 Januwale 1915. Timkumbukira munthuyo ndi masabata awiri otsiriza a moyo wace, ndi kuiwala zaka zoposa 40 zimene zinatsogola. Cifukwa cace ndifuna kuwaika anyamata awiriwa pamodzi, wa ku Japan ndi wa ku Chiradzulu. Sanaonane konse, koma njira zao zinafanana modabwitsa. Onse awiri anaoloka nyanja kunka ku America. Onse awiri anabwera namanga sukulu. Nkhope za onse awiri zinaikidwa pa ndalama za maiko ao. Ndipo onse awiri anafa pa 3 Febuluwale, wina 1901, wina 1915. Wina anafera pa mphasa pace atakalamba, wina anafa ndi cipolopolo m'chire. Tiyeni tione pamene njirazo zinasiyanira.

Mwana wa mkazi wamasiye

Yukichi anabadwa ku Osaka pa 10 Januwale 1835. Atate wace anali a gulu la asamurai, ndiwo asilikali a mafumu a dzikolo, koma a mzere wapansi. Nchito yao inali kuwerengera ndalama ndi mpunga wa mfumu ya ku Nakatsu, ngakhale mtima wao unali pa mabuku. Anamwalira mwanayo asanakwane zaka ziwiri, ndipo amace anabwerera ku Nakatsu ndi ana asanu, nakhala m'umphawi.

Ku Nakatsu munthu anali kufa monga anabadwira. Mwana wa msamurai wamkuru anali wamkuru ngakhale akhale wopusa, ndi mwana wa wamng'ono anali kumgwadira ngakhale amposa nzeru. Ngakhale pa masewero a ana, mau oyankhulirana anali osiyana. Kanthu aka kanalowa mumtima mwa Yukichi ngati munga, ndipo sikanaturukemo moyo wace wonse.

Kalata anaiyamba mocedwa, ali ndi zaka ngati 14. Asanatero anaphunzira nchito za manja: kukonza nsapato za mtengo, kumata zitseko za mapepala, kuvuula ndowa yogwera m'citsime. Asamurai osauka anali kucita manyazi kuoneka ogula zinthu, cotero anali kupita kumsika usiku atabisa nkhope ndi nsaru. Iye anakana, anapita usana, botolo liri m'manja, nkhope poyera. Amace naonso anali munthu wosaopa maso a anthu. Anali kuitana mkazi wina wopemphapempha, wauve, amene onse anamnyansidwa, namkhazika pabwalo, namcotsa nsabwe m'mutu, mwanayo ali kuziphwanya ndi mwala. Atatha anali kumpatsa cakudya.

Analinso mwana wofuna kuyesa zimene akuru anena. Tsiku lina anatsegula kacisi wamng'ono wa mzimu, napeza mkati muli mwala cabe. Anautaya, naikamo mwala wina wotola panjira, nadikira tsoka. Tsoka silinadze, ndipo pa tsiku la nsembe anaona anthu ali kupembedza mwala wace uja. Izi anazisimba yekha m'buku la moyo wace limene linaturuka 1899.

Dziko la Japan linakhala lodzitsekera zaka zoposa 200, ndipo mwa Azungu onse a ku Holland okha ndiwo analoledwa kucita malonda pa doko la Nagasaki. M'caka ca 1853 zombo zankhondo za America zinafika, nizikakamiza dzikolo kutsegula. Caka cotsatira Yukichi ananka ku Nagasaki kukaphunzira cinenero ca Holland, ndipo pambuyo pace analowa sukulu ya sing'anga Ogata Koan ku Osaka. Kumeneko mabuku anali osowa kotero kuti anyamata anali kuwalemba ndi manja, ndi kulandizana buku limodzi lomasulira mau usiku wonse. M'caka ca 1858 anatsegula kasukulu kace mu mzinda wa Edo, umene lero uchedwa Tokyo. Koma atapita ku doko la Yokohama mu 1859 anapeza kuti sangathe kuwerenga ngakhale zolembedwa pa makomo a masitolo, pakuti zinali m'Cingelezi. Thukuta la zaka zisanu linaoneka ngati lapita pacabe. Sanataye mtima, anayambanso pansi ndi cinenero catsopano.

Mnyamata wophika

Tsopano tibwerere kwathu. John Chilembwe anabadwa pafupi ndi caka ca 1871 m'dziko la Chiradzulu. Mbiri imati atate wace anali Myao, ndi amace, dzina lao Nyangu, anali Amang'anja. Masiku amenewo anali oopsa. Malonda a akapolo anali asanathe, ndipo mu 1884 Angoni anaoloka Shire nasakaza midzi, anthu nathawira kumapiri ndi ku Mishoni ya Blantyre, imene inayamba 1876. Mwana wokula m'masiku otere sanafunike womuuza kuti munthu angathe kugulidwa ndi kugulitsidwa. Zinali nkhani za pamoto madzulo onse.

Kalata yoyamba anaiphunzira pa sukulu ya Mishoni ya Blantyre pafupi ndi 1890. Zaka zomwezo, kuyambira 1888 kufikira 1891, anthu akuda anali kuumba njerwa ndi kumanga chalichi lalikuru la pa Blantyre motsogozedwa ndi David Clement Scott. Ndipo mu 1891 dziko linalowa m'manja mwa Angelezi, Harry Johnston nakhazika boma lace pa Zomba pano.

M'caka ca 1892 kunafika Mzungu wina wosiyana ndi anzace, Joseph Booth, pamodzi ndi kamwana kace kakakazi, Emily, kamene amace anali atamwalira. Booth anayamba mishoni yace ku Mitsidi, ndipo John anadza kwa iye kudzapempha nchito ya m'nyumba. Anakhala wophika ndi womasulira mau. Pamene Booth anali pa maulendo, kamwanako kali kudwala malungo, John ndiye anali mlezi wace. Emily atakula analemba buku, namkumbukira monga munthu wofatsa, wacifundo, ndi wa njala yaikuru ya kuphunzira. Taonani, abale, munthu amene timjambula ndi nthungo yekha, cithunzi cace coyamba cimene mbiri yatisungira ndi ca mnyamata wodikira pa mphasa ya mwana wodwala wa Mzungu.

Anabatizidwa mu 1893. Kwa Booth anamva ciphunzitso cimene Azungu ena sanafune kuti cimveke: kuti dziko la Africa ndi la eni ace, ndi kuti munthu wakuda ayenera malipiro abwino ndi maphunziro onse amene mwana wa Mzungu alandira. Munga umene unalasa Yukichi ku Nakatsu unalasanso John, koma kuno mzere wosiyanitsa anthu unali khungu.

Kutsidya la nyanja

Mu 1860 boma la Japan linatumiza combo cochedwa Kanrin Maru ku San Francisco. Yukichi anafunitsa kukwera, ndipo popeza analibe udindo, anapempha mkuru wa comboco kuti amtenge monga mnyamata womtumikira. Atafika, makina sanamdabwitse kwambiri, pakuti anali atawerenga za iwo. Cinamdabwitsa ndi makhalidwe a anthu. Anafunsa kumene kuli adzukulu a George Washington, poyesa kuti ali mafumu olemekezeka, koma womyankha anaonetsa kuti sasamalako konse. Pamenepo anazindikira kuti kuli maiko amene munthu sayesedwa ndi dzina la agogo ace. Anabwera ndi buku la Webster lomasulira mau a Cingelezi.

John ananyamuka ndi Booth mu 1897. Iye anaona mbali yina ya America: anaona kuti Mzungu ndi munthu wakuda akayendera pamodzi pamseu, anthu awazuma. Koma anaonanso anthu akuda okhala ndi machalichi ao, masukulu ao akuru, ndi nyuzi zao. Abaptisti akuda a National Baptist Convention anamlandira, namlowetsa sukulu ya ubusa ku Lynchburg m'dziko la Virginia. Anabwera mu 1900 ali mbusa wodzozedwa, nagula malo a maekala 93 pa Mbombwe, nayamba Providence Industrial Mission.

Nchito imene anagwira awiriwa atabwera inali yamtundu umodzi. Fukuzawa analemba mabuku m'mau apafupi, oti ngakhale wanchito wa m'nyumba amve, kulongosola za masukulu, zipatala, ndi nyumba za malamulo za maiko a Azungu. Kuyambira 1872 kufikira 1876 anaturutsa timabuku 17 tolimbikitsa kuphunzira, tonena kuti anthu abadwa olingana, ndipo cimene ciwasiyanitsa pambuyo ndi kuphunzira kapena kusaphunzira. Sukulu yace anaicha Keio mu 1868, ndipo iripo kufikira lero, iri yunivesite yaikuru. Chilembwe nayenso anatsegula masukulu m'midzi, ndipo pofika 1912 ana ophunzira anali pafupi 1,000. Anaphunzitsa anthu kulima khofi ndi thonje, kubvala mwaukhondo, ndi kuleka kuledzera. Mkazi wace Ida anaphunzitsa akazi kusoka. Amishoni akuda a ku America, Landon Cheek ndi Emma DeLaney, anamthandiza zaka zoyamba. Anamanganso chalichi lalikuru la njerwa, lomangidwa ndi anthu ace. Zaka 14 zathunthu zida zace zinali coko, khasu, ndi singano.

Pamene njira zinasiyana

M'caka ca 1868 ku Japan kunabuka nkhondo ya pacibale. Tsiku lina mizinga inali kulira pa Ueno, mkati mwa mzinda momwemo, ndipo anthu anali kuthawa. Fukuzawa anakhala m'sukulu mwace ndi ophunzira ocepa otsala, napitiriza kuwawerengera buku la Francis Wayland la za cuma. Sanagwire lupanga, ndiponso boma latsopano litamuitana kudzalandira udindo anakana. Ena adzati, onani, uyu anasankha buku, ndi uja anasankha nthungo. Mauwo ali ndi coonadi, koma sanathe nkhani yonse.

Fukuzawa analemba m'dziko lolamulidwa ndi eni ace. Akuru a boma anali kugula mabuku ace ndi kuwerenga. Mu 1872 boma linalamula kuti masukulu akhale m'dziko lonse, a ana onse. Mizere ya asamurai inathetsedwa. Ndipo mu 1890 nyumba ya malamulo inakhala koyamba. Iye anaona ndi maso ace munga wa ubwana wace ukuzulidwa.

Nanga Chilembwe analankhula ndi yani? Bungwe lopanga malamulo linakhazikidwa pa Zomba mu 1907, koma munalibe munthu wakuda ndi mmodzi yense. Ndalama zimene boma linali kupereka ku masukulu a dziko lonse m'zaka zimenezo zinali mapaundi 1,000 okha pa caka. Pafupi ndi Mbombwe panali munda wa A. L. Bruce ku Magomero, wa maekala oposa 160,000, kumene anthu, makamaka Alomwe obwera kucokera ku dziko la Apwitikizi, anali kugwira thangata miyezi yoposa ya pangano, ndi kukwapulidwa. Mwini mundawo sanafune masukulu pa malo ace, ndipo iye yemweyo anali ndi mpando m'bungwe la pa Zomba. Timachalichi taudzu timene anthu a Chilembwe anamanga m'mundamo tinatenthedwa. Panadzanso njala ya 1912 ndi 1913, msonkho wa nyumba uli cikhalire. Chilembwe mwini anali ndi ngongole, cifuwa cinamsautsa, ndi maso ace anayamba kufooka.

Pamenepo inadza nkhondo ya 1914. Asilikali akuda anafa pa Karonga mwezi wa Seputembala, ndipo ena ambiri anagwidwa kunyamula mtengatenga. Mu Novembala Chilembwe analemba kalata ku nyuzi ya Nyasaland Times, kufunsa cifukwa cace amphawi opanda kanthu afere nkhondo yosakhala yao, ndi kusiya akazi amasiye ndi ana amasiye opanda wowasamala. Boma linailetsa kalatayo, niliyamba kupangana zomcotsa m'dziko. Khomo lotsiriza linatsekedwa pamenepo.

Zimene zinatsata sitiyenera kuzibisa kapena kuzikometsa. Usiku wa Loweruka, 23 Januwale 1915, anthu ace anapha William Jervis Livingstone, kapitao wamkuru wa ku Magomero, namdula mutu. Anaphanso Duncan MacCormick ndi Robert Ferguson. Pa 26 anatentha Mishoni ya Nguludi, nabvulaza wansembe. Akazi ndi ana a Azungu sanawapweteke, pakuti Chilembwe analamula cotero. Asilikali anaturuka pa Zomba, ndipo pa 3 Febuluwale iye anaomberedwa ali kuthawira ku malire, ca ku Mulanje. Anthu oposa 30 anaphedwa ndi ciweruzo ca boma, pafupi 300 anaikidwa m'ndende, ndi chalichi lija la njerwa linagumulidwa ndi wonga. Kupha kuli kupha, ndipo ana a ophedwa a mbali zonse ziwiri analira misozi yofanana. Ngakhale Fukuzawa sali woyera manja monga ena amyesa: atakalamba anakondwera ndi nkhondo ya dziko lace pa China mu 1894, naperekako ndalama zambiri, nalemba mau onyoza mitundu yoyandikana nayo. Kanema woona ayenera kuonetsa zonsezi.

Cimene Zomba inamva mocedwa

Mwazi utakhetsedwa, boma linaika bungwe lofunsa za ciyambi ca nkhondoyo, limene linapereka mau ace mu 1916. Pamenepo anthu akuda anaitanidwa kudzanena, pakati pao abusa Harry Kambwiri Matecheta ndi Stephen Kundecha, ndipo zinamveka nkhani za thangata, za cikoti, ndi za munthu wamkuru wokakamizidwa kubvula cipewa pamaso pa Mzungu ali yense wosabwezera moni. Zimenezi zikadamveka zaka zisanu kale, kapena Mbombwe akadakhala Keio wathu. Mishoniyo inakhala yotsekedwa kufikira 1926, pamene Dr. Daniel Malekebu, amene anali mwana wa sukulu pomwepo nakaphunzira udokotala ku America, anabwera naitsegulanso. Sukulu ya sekondale ya Akatolika pa Zomba inatsegulidwa 1942, itatsogola pang'ono ya ku Blantyre, ndipo anthu akuda oyamba analowa m'bungwe la malamulo mu 1949.

Cina codabwitsa ndi ici. Mbiri yoyamba ya Chilembwe yolembedwa ndi mwana wa dziko lino inalembedwa m'ndende yaikuru ya pa Zomba. George Simeon Mwase, ali wandende mu 1931 ndi 1932, anakhala pamodzi ndi Wallace Kampingo, mmodzi wa anthu a Chilembwe, namfunsa, nalemba zimene anamva. Mapepalawo anagona pakati pa makalata a boma kufikira anasindikizidwa mu 1967. Mwase akadati, ine ndine wandende cabe, alembe ena, mau a Kampingo akadapita naye kumanda.

Tsono, abale, titengepo ciani? Akuru anati, m'mera mpoyamba. M'mudzi uli wonse muli mwana wonga Yukichi ndi John: wofunsafunsa, wosakhuta ndi yankho lakuti zinakhala cotero kuyambira kale, kapena wocedwa kuyamba sukulu cifukwa ca umphawi wa amace. Mwana wotere timfulumira kumcha wamwano. Koma mbiri iyi itionetsa kuti anyamata awiriwa sanasiyane nzeru kapena khama. Anasiyana pakuti wina anapeza makutu omumvera, ndi wina anapeza khomo lotseka. Lero olamula sali alendo ai. Likulu linacoka pa Zomba mu 1975 kunka ku Lilongwe, ndipo okhala pa mipando, kuyambira kwa nyakwawa ndi mkuru wa mpingo kufikira ku nyumba ya malamulo, ndife tokha. Tikatseka makutu, sitidzakhala ndi wina womloza cala.

Ndiponso musalole okalamba a m'mudzi mwanu apite ndi zimene adziwa. Tumani mdzukulu atenge kope, akhale pa khonde la agogo, alembe za thangata, za mtengatenga, za sukulu yoyamba ya m'mudzimo ndi amene anaimanga. A ku Japan akhoza kupanga kanema wa mphunzitsi wao cifukwa zinthu zazing'ono za ubwana wace zinalembedwa: botolo, nsabwe, ndi mwala.

Nkhope ya Fukuzawa inali pa ndalama ya mayeni 10,000 imene inali kuturutsidwa kuyambira 1984 kufikira 2024. Ya Chilembwe inayamba kuoneka pa ndalama zathu mu 1997. Mukagwira ya K500 imene inaturuka 2012, muyang'ane nkhope yace, ndipo muitembenuze. Kuseri kwace mudzaona damu la Mulunguzi, la pamwamba pa phiri lomwe lija la Zomba.